Koma Mpira Sindinautaye

Popeza kavidiyo kaja ka bambo akugwa mpira uli m'manja kafika kale mpaka ku Ndirande, ndipo wina wakaikira nyimbo ya maliro, ndilankhuleko ndekha musanandimalize. Inde, akugwayo ndine. Inde, palibe anandikhudza. Koma amene mukukatumiza mwadula koyambirira, ndiye zikuoneka ngati munthu wamkulu anangoganiza zogona pa kapinga wa eni ake.

Kuno ku South Bend, ku America, tili ndi ligi yathu ya fantasy ya mpira wa ku America, ife azibambo a ku tchalitchi pamodzi ndi alamu anga. Amene mumasewera ya Premier League mukudziwa kale: umasankha osewera enieni, iwo akamavulala m'bwalo iwe uli pa sofa kuwerenga mapointi. Mu 2024 maere anagwera ine kuti ndiyambe kusankha, ndipo ndinatenga Christian McCaffrey, running back (wosewera amene ntchito yake n'kuthamanga ndi mpira m'manja) wa San Francisco 49ers. Nonsenu mukanachita chimodzimodzi, musaname. Chaka chapitacho munthuyu anathamanga mayadi 1,459, kuposa wina aliyense mu NFL, ligi yaikulu ya mpirawu, anagoletsa ma touchdown (zigoli zake za mpirawu) 21, n'kufika ndi timu yake ku Super Bowl, fainolo ya ligiyo. Alamu okha ndiwo anapukusa mutu, amvekere, "Alamu, kaundula wa miyendo yakeyo mwamuwerenga?"

Ndinali nditamuwerenga. Mu 2019 ali ku Carolina Panthers anagwira mpira ka 403, mayadi othamanga anapitirira 1,000, owakha nawonso anapitirira 1,000, zomwe m'mbuyomo anachitapo Roger Craig ndi Marshall Faulk okha. Timu inamupatsa kontrakiti ya madola 64 miliyoni. Ndiye thupi linayamba kulipiritsa ngongole. Mu 2020 kakolo, atachira phewa, atachira ntchafu, nasewera magemu 3 basi. Mu 2021 mnofu wa kuseri kwa ntchafu, kenako kakolo kachiwiri, magemu 7. Pa magemu 33 a zaka ziwirizo anaonekera m'bwalo ka 10. Ine ndinati zimenezo zinali za ku Carolina, mphepo ya ku California yamuyanja.

Pa 9 September, Lolemba usiku, 49ers ikumana ndi New York Jets. Ndakonza tiyi, ndavala jezi nambala 23 yomwe madamu sankadziwa mtengo wake. Kutatsala ola ndi theka kuti gemu iyambe, uthenga uja thi pa foni: McCaffrey sasewera, katumba ndi mtsempha wa kuchidendene zavuta. Ndisanameze n'komwe tiyi, alamu anali atatola kale wolowa m'malo mwake, Jordan Mason, yemwe usiku womwewo anathamanga mayadi 147. Alamu sanandiimbire. Anangotumiza chithunzi cha nkhope yawo.

McCaffrey anaphonya magemu 8 oyambirira. Anakwera ndege mpaka ku Germany kukaonana ndi katswiri wa mitsempha. Ine ndinali pansi penipeni pa ligi, ndipo m'gulu lathu la WhatsApp ndinalankhula zinthu zingapo. Akuti ndinalemba kuti katumba si nthenda. Akuti ndinalemba kuti ine ndinakula ndikumenya chikulunga pa bwalo la miyala, opanda nsapato, chala chikuchucha magazi, ndipo sindinaphonyepo gemu. Akuti ndinawonjezera kuti atandipatsa theka la ndalama zakezo ndikhoza kuthamanga ndi mwendo umodzi. Mawu amenewa anthu awasunga, awajambula, ena akuwaloweza pamtima kuposa ndime za Sande sukulu.

Ndiye tafika pa Thanksgiving, tsiku la chiyamiko la kuno ku America, Lachinayi pa 28 November, kunyumba kwa alamu. Mudziwe kaye kuti ndinali nditadya. Nkhukundembo, nsima mitanda yosawerengeka, nyemba, mpunga, ndi chitumbuwa cha dzungu chomwe ndinangolawa mwaulemu kawiri. Alamu ndi wa Chicago Bears, ndipo masana omwewo Bears inagonja kwa Detroit Lions 23 kwa 20 itangoyang'ana wotchi ikutha osaimitsa nthawi, moti mawa lake mphunzitsi wawo anachotsedwa ntchito. M'nyumbamo munali chisoni. Ine monga mlendo wabwino ndinati tiyeni panja tikawongole miyendo ndi ana.

Timu yolimbana nafe inali motere: mwana wa alamu wamkazi wa zaka 9, mnzake wovala magalasi, ndi mayi wina wa mvano yemwe anamanga chitenje pamwamba pa jekete ndipo dzanja limodzi linali ndi mbale. Alamu ataponya mpira koyamba unakagwera m'maluwa. M'pamene wina, ndikumudziwa, anakuwa kuchokera pakhonde: "A chikulunga aja ali kuti? Ationetsetu mmene McCaffrey amayenera kuthamangira!"

Munthu ukaitanidwa choncho pamaso pa mkazi wako, sukhala pansi. Ndinavula jekete. Ndinali mu nsapato za ku tchalitchi, zosalala kunsi, ndipo nthaka inali itauma gwa ndi kuzizira. Mfundo ziwirizi muzisunge, chifukwa mu kavidiyo sizikuoneka.

Alamu anandiika mpira pamimba. Ndinaukumbatira bwino, nsonga m'chikhatho, mbali inayo m'khwapa, monga amachitira akatswiri. Phazi loyamba linali labwino. Lachiwiri linali labwino kwambiri, mpaka ndinamva mphepo m'makutu. Patsogolo panga panaima mwana wa zaka 9 uja, akutafuna chingamu, manja ali m'thumba. Apa m'pamene ndinaganiza zomuonetsa chenga yomwe McCaffrey amadyera: kuponda mwamphamvu ndi phazi lamanja ngati ukupita uko, thupi n'kukhotera kumanzere. Ndinaponda.

Phwa!

Anzanga, ine ndinamva bwinobwino kuti wina wandilasa ndi mwala wa legeni kuseri kwa mwendo. Sindinakayike ngakhale pang'ono. N'chifukwa chake mu kavidiyomo mukuona ndikucheuka kaye ndisanagwe, chala chili m'mwamba, nkhope ya munthu wofuna chilungamo. Ndinkafuna ndimuone wandigendayo. Kumbuyo kunalibe munthu. Kunali mpanda, mbaula yowotchera nyama yovindikira, ndi galu wa aneba atakhala phee akundiyang'ana. Ndinamuyang'ana galuyo nthawi yaitali ndithu. Mu mtima ndinkasanthula ngati galu angagende. Kenako ndinafunsa mokweza, pagulu, mwa Chichewa chomveka bwino, "Wandigenda ndani?" Palibe anayankha. Mayi wa mvano anayang'ana mbale yake ngati mwina yachita ndi iyo.

Kugwa kwenikweniko kunatenga nthawi. Ena akuti masekondi atatu, ine ndikuti kunakwana kuti ndiganizire za inshuwalansi, za shifiti ya Loweruka, ndi za mawu onse ndinalemba pa WhatsApp, limodzi ndi limodzi. Mwendo wamanja unangokana kulandira malamulo. Wamanzere unayesetsa wokha, unadumpha kamodzi, unadumphanso, kenako nawo unaona kuti ntchito ya anthu awiri siingagwiridwe ndi mmodzi pa malipiro omwewo. Ndinayamba kupendekeka pang'onopang'ono ngati thumba la chimanga lomwe likutsetsereka pa njinga ya kabaza, aliyense akuona, palibe wothamangira. Bondo linafika pansi. Chigongono chinatsatira. Nsapato imodzi inavuka n'kupitiriza ulendo yokha, ndipo kunena zoona inafika patali kuposa ine. Pomaliza penipeni tsaya linagunda kapinga, ndipo phokoso lomwe linatuluka m'kamwa mwanga si kulira ayi, ndi mpweya wa nyemba ndi nkhukundembo womwe unasowa kolowera.

Mwana uja anayenda, sanathamange, anayenda, n'kudzandigwira paphewa ndi zala ziwiri. "Ankolo, ndakugwirani."

Tsopano onerani kavidiyoko kachiwiri, muyang'ane dzanja langa lamanja. Mpira uli pomwepo. Pa ululu wonsewo, pa manyazi onsewo, sindinautaye. Mu NFL running back akataya mpira amakhazikidwa pa benchi, ena ntchito imathera pomwepo. Ine ndinaugwira mpaka alamu anachita kundikanganula zala, ana akufuna apitirize gemu. Anapitirizadi, akundizungulira.

Madamu anabwera osathamanganso. Anaima pamutu panga, manja m'chiuno. "Abambo, dzukani, anthu akujambula." Ndinati sindingathe. "Ndiye mufuna tikutumizeni ku Germany?" Pakhonde anthu anagwa nako kuseka, mpaka alamu anaiwala za Bears. Amenewa ndi mayi a ana anga, tinalumbira pamaso pa abusa za pa mtendere ndi pa mavuto.

M'firiji munalibe ayezi, yense anathera mu zakumwa. Anandimanga paketi ya therere lowuma ndi chisanu, ndi chitenje cha mayi wa mvano uja. Therere likayamba kusungunuka mukudziwa chimene limachita. Pofika ku chipatala mwendo wonse unali ukunanda, ndipo namwino anavala magolovesi awiriawiri asanafunse kuti chatuluka m'thupi mwangamo n'chiyani. Dokotala anandigoneka chafufumimba, nafinya katumba kuti aone ngati phazi ligwedezeka. Linagwedezeka, kusonyeza kuti mtsempha wa kuchidendene sunaduke, wang'ambika ndi mnofu wa katumba. Anati zoti wina wakugenda amanena pafupifupi aliyense amene wavulala motere, ndipo zimakonda azibambo a msinkhu wanga amene athamanga mwadzidzidzi thupi lisanatenthe. Anafunsa kuti ndimasewera masewera anji. Ndinati mpira wa ku America, running back. Madamu anatsokomola mpaka anatuluka panja.

Mumve bwino pamenepo. Katumba. Chiwalo chomwechomwecho chimene chinayamba kuvuta McCaffrey mu August. Anthu wamba amavulala msana ponyamula sofa, kapena kutsetsereka m'bafa. Ine ndinavulala kuvulala kwa akatswiri, pochita chenga ya akatswiri, mpira uli m'manja.

Lachisanu m'mawa gulu la WhatsApp linatulutsa chikalata cha ovulala monga amachitira matimu a NFL, dzina langa lili pamwamba, chifukwa chake "nsima". Mkangano unabuka wa mayadi amene ndinathamanga. Ine ndikuti ndinapita patsogolo. Alamu anatuluka ndi tepi yoyezera, napeza kuti pocheuka kufuna wondigenda ndinabwerera m'mbuyo, moti ndinagwera kuseri kwa pomwe ndinayambira. Tepi yawo, bwalo lawo, woyeza iwo omwe, mboni ndi mwana wawo. Khoti lanji limenelo?

Amayi anaimba kuchokera ku Ntcheu, kavidiyo katawapeza kudzera kwa mlongo wanga. Anafunsa kuti mpira wogwira ndi manjawo ndi wa ntchemberembaye kodi, ndipo ndinayamba liti kusewera ndi azimayi a mvano. Ndinayesa kufotokoza. Anati ndithowe ndi madzi otentha, ndiponso ndisamadye kwa alamu mwachisawawa, chifukwa mwala wosaoneka sugenda munthu popanda mwini wake.

Lamlungu usiku pa 1 December ndili pa sofa, mwendo uli pa mapilo, 49ers ikusewera ndi Bills ku Buffalo chipale chofewa chikugwa. McCaffrey anali atabwerera pa 10 November ndipo iyi inali gemu yake yachinayi. Usiku umenewo ankathamanga bwino, ndinayamba kukhululuka. M'chigawo chachiwiri mwa zigawo zinayi za gemu anamukola mwendo n'kugwera bondo, ndipo atapatsidwanso mpira anangotsika yekha pansi, popanda womukhudza. Mtsempha wa m'kati mwa bondo, wotchedwa PCL. Chaka chake chinathera pomwepo: magemu 4, mayadi othamanga 202, touchdown ngakhale imodzi ayi. Bills inapambana 35 kwa 10, ndipo Jordan Mason wa alamu uja naye anavulala kakolo gemu yomweyo, zomwe sindinasangalale nazo, ndinangomwetulira chifukwa cha mankhwala.

Foni inayamba kulira nthawi yomweyo. Ena amati ndamulodza. Ena amati watengera kwa ine. Ine chomwe ndinaona n'chakuti munthu wophunzitsidwa ku yunivesite ya Stanford, mwana wa Ed McCaffrey yemwe ankasewera ku Denver Broncos, wokhala ndi madokotala ake ndi ophika ake, anatsika pansi popanda womukhudza, ndipo dziko lonse linamumvera chisoni. Palibe anamuikira nyimbo ya maliro. Iyeyo amagundidwa ndi zimphona zolemera makilogalamu oposa 100 kambirimbiri pa gemu imodzi, zimenezo ndavomera, ndipo za katumba sindidzalembanso. Koma iye anali ndi nsapato za minga kunsi, anatenthetsa thupi, ndipo sanadye nyemba.

Ligi ndinamaliza wotsiriza. Chilango chake n'kuwotcha nyama pa tsiku losankha osewera chaka chamawa, utavala epuloni yomwe asankhe anzako, ndipo ndamva kuti akusindikizapo funso langa lija. Jombo ya chipatala ndavula, masitepe ndikukwera chammbali. Nsapato ija ikadali kwa alamu, akuti galu wa aneba anaipeza kaye. Amene mukupita chakumeneko munditengereko, ndi yakumanja.