Mbiri ya moyo wanga, gawo 7: Manganje pa kompyuta

M'gawo lapitalo ndinalekezera pamene ndinasiya kuimba kiyibodi kutchalitchi kwathu ku Ndirande n'kuyamba kuchezera usiku pa kompyuta ya msuweni wanga. Umo munali mu 2004. Pulogalamu imene anyamata ambiri tinkapangira nyimbo inali FruityLoops, ya kampani ya Image-Line ya ku Belgium. Eni ake anali ataisintha kale dzina mu 2003 kukhala FL Studio, koma ife tinkangoti Fruity.

Ukaitsegula umaona mizere ya timabokosi 16: mzere wa kick (ng'oma yaikulu), wa snare (ng'oma yaing'ono), wa hi-hat (timbale tachitsulo). Ukadina kabokosi, ng'oma imalira pomwepo. Kwaito ndi house zimene tinkaonera pa Channel O sizinkavuta. Kick pa bokosi 1, 5, 9 ndi 13, basi gule wayamba. Mabiti otere ndinagulitsa ambiri, ena pangongole imene mpaka lero sinabwezedwe.

Kenako kunabwera mayi wina woimba nyimbo zauzimu, akufuna biti ya manganje. Ndinawakonzera, iwo n'kumvetsera ali chiimire, chikwama chili kukhwapa. "Mwanawe, izi sizivinika ayi. Chiuno chikukana." Amanena zoona. Manganje amayenda mwa zitatuzitatu, pomwe timabokosi tija tinagawidwa mwa zinayizinayi. Nditasintha kuti tikhale 12, zinayamba kumveka ngati zakwathu, koma zinali zouma ndithu.

Chimene chimasowa ndinachipeza kwa bambo wina wa ku Mangochi amene ankalondera golosale pafupi ndi kwathu. Ndinawajambula akuimba ng'oma, maikolofoni titaimangirira kumpando ndi mphira wa njinga. Nditaika mawuwo pa sikirini, ndinaona kuti dzanja lawo silimagwera ndendende pa mizere ya kompyuta. Pena limafulumira pang'ono, pena limachedwerako, ndipo limachita zimenezi pamalo omweomwewo nthawi zonse. Batani la quantize, limene limakokera kulira kulikonse pamzere, ndi limene limapha gule. Kuyambira pamenepo ng'oma ndimaziimba ndi zala pa kiyibodi, n'kuzisiya momwemo.

Lero ndimaphunzitsa achinyamata ku Lilongwe. Ambiri amabwera akufuna amapiano, ndipo funso lawo loyamba ndi la log drum, kulira kwa besi kogunda ngati ng'oma kumene kumamveka mu amapiano. Sindiwaletsa, nane ndimaikonda. Koma tsiku loyamba laputopu sititsegula. Gulu lina limawomba m'manja kawiri pamene linzake likuwomba katatu, mpaka zitalumikizana. Ena amanyinyirika kuti sanalipire ndalama kudzawomba m'manja, ndipo pali amene sabweranso. Otsalawo ndimawatuma kwa agogo awo ndi foni kuti akajambule nyimbo ya pamtondo kapena ya chinamwali, tidzayambire pamenepo.

Gawo lotsatira ndidzafotokoza mmene nyimbo ya mayi aja inafikira pa wailesi, ndi mkangano umene unabuka pa nkhani ya mwini biti.