Koh Ker ndi Beng Mealea, akachisi omwe ambiri amawadumpha

Aliyense akafika ku Cambodia amangothamangira ku kachisi wotchuka wa Angkor Wat, koma ine ndikuti ngati muli ndi tsiku lapadera chitani hayala galimoto ndi dalaivala wake mu mzinda wa Siem Reap mukaone Beng Mealea ndi Koh Ker. Ife tinanyamuka m'mamawa kusanatenthe. Beng Mealea anamangidwa m'zaka za m'ma 1100 ndipo sanamukonzenso ngati akachisi enawo, miyala ikuluikulu ili mbwee pomwe inagwera, mizu ya mitengo yakulunga zipupa, iwe umangoyenda pa kanjira ka matabwa uku ukuyang'ana njoka zosema zija amati naga. Abale, pamenepo ndinakhalitsa, sindimafuna kuchoka.

Koh Ker ndiye kutali, makilomita pafupifupi 120 kuchokera ku Siem Reap. Linali likulu la ufumu wa Khmer kuyambira 928 mpaka 944, anasamutsira likululo kumeneko ndi mfumu Jayavarman IV, ndipo bungwe la UNESCO linalemba malowa pa mndandanda wake wa malo ofunika kusungidwa padziko lonse mu 2023. Kachisi wa Prasat Thom kumeneko ndi piramidi ya nsanja 7, kutalika mamita 36, pokwera thukuta lili kamukamu koma pamwambapo ukuona nkhalango mbali zonse. Tengani madzi ambiri, komanso osapatuka m'njira chifukwa dera limeneli munakwiriridwa mabomba nthawi ya nkhondo.