Ulendo wathu wa ku Hannover, kwawo kwa Theo Lingen

Tinalipo anthu asanu ndi awiri a gulu lathu la zisudzo. Tinanyamukira pa Chileka, kudzera ku Addis Ababa mpaka ku Frankfurt, kenako tinakwera sitima yopita ku Hannover. Mzindawu uli paubale ndi Blantyre kuyambira 1968, ndipo anzathu ochita zisudzo kumeneko ndiwo anatiitana. Kunkazizira koopsa, koma majekete a pakaunjika anagwira ntchito yake.

Tsiku loyamba anatitengera ku Neues Rathaus, nyumba ya khonsolo, komwe kuli zifanizo zinayi za mzindawu m'nthawi zosiyana. Tonse tinaima duu pa chifanizo cha 1945: mabwinja okhaokha, madenga atapita ndi mabomba.

Koma chimene ndabwera nacho mumtima ndi cha usiku wachitatu. Anationetsa filimu yakale ya Fritz Lang yotchedwa M, ya 1931. Dzina lalikulu m'filimuyi ndi Peter Lorre. Ili mkati, mayi amene ankatiyang'anira anaimitsa kanema n'kuloza mmodzi wa mbava zimene zinakhala patebulo. Anati ameneyo ndi mwana wa mumzinda muno, Theo Lingen.

Dzina lake lenileni linali Franz Theodor Schmitz, wobadwa mu 1903. La Lingen anatengera tauni imene bambo ake anabadwira. Anayamba zisudzo ali mnyamata ku Hannover komweko, ndipo pomwalira mu 1978 ku Vienna anali ataoneka m'mafilimu oposa 200. Ambiri mwa mafilimuwo sanali mwini nkhani. Ankakhala wantchito wa m'nyumba, woperekera zakudya, kalaliki wodzimva, ndipo atakalamba ankakhala hedimasitala m'mafilimu a ana asukulu osamva. Mawu ake otulukira m'mphuno anthu amawazindikira mpaka lero. Anatiikira zidutswa zingapo, zina ali ndi wanthabwala mnzake Hans Moser, ndipo ngakhale Chijeremani sitimva, tinaseka mpaka misozi. Munthuyo amangokweza nsidze atanyamula thireyi, basi chipinda chonse n'kukhala chake.

Ine izi zinandikhudza chifukwa zaka zonse zimene ndakhala m'gululi, mbali zanga ndi za mlonda, mesenjala wa amfumu, kapena mnyamata wa kudimba. Mtsogoleri wathu anandigwira paphewa n'kunena kuti, "Achimwene, mwawaona anzanuwo?" Ndinangogwedeza mutu, maso ali pakanema.

Kenako mayi uja anatiuza za banja lake, ndipo kuseka kunatha. Mu 1928 Lingen anakwatira Marianne Zoff, woimba amene poyamba anali mkazi wa Bertolt Brecht, wolemba zisudzo wotchuka wa ku Germany, n'kulera mwana wa Brecht pamodzi ndi wake. Marianne anali ndi magazi Achiyuda. A Nazi, chipani cha Hitler chimene chinkazunza Ayuda, atalowa m'boma mu 1933, banja lotere linkatha kumutsekera munthu ntchito, ndipo ena ankasiya akazi awo kuti apulumutse dzina. Lingen sanamusiye. Anapitiriza kuseketsa anthu m'mafilimu a nthawi imeneyo, ndipo kutchuka kwakeko n'kumene kunatchinjiriza banja lake.

Apa tinatsutsana mpaka pakati pa usiku. Mlongo wina wa m'gulu lathu anati kuseketsa anthu pansi pa boma lakupha n'kulithandiza bomalo. Ine sindikukana kuti mawuwa ndi olemera, koma sindingathe kumuweruza munthu amene ankadziwa kuti akangosiya kunyamula thireyi ija, apolisi akhoza kugogoda pakhomo pake. Akuluakulu awiri amene anachitapo zisudzo kwathu kuno isanafike 1994 sanalankhule zambiri usiku umenewo.

Masiku otsalawo tinachita maphunziro a kayendedwe ka pasiteji, tinazungulira nyanja ya Maschsee, ndipo Loweruka tinaonetsa sewero lathu m'Chichewa. Ndinali mlonda monga mwa nthawi zonse, ndi mizere inayi yokha. Ndinapempha kuti andilole kulowa pang'onopang'ono, tochi ili m'manja, ndisanayankhule kanthu, ndipo mtsogoleri anavomera.