Maapozi ndi a odwala, akutero apongozi

Ana agona, bambo awo nawonso agona, koma ine tulo sitikubwera chifukwa cha mawu omwe apongozi andiuza kukhitchini masana aja. Ndaona kuti bola ndilembe.

Ndinali pa tebulo ndikusenda maapozi obiriwira aja, a Granny Smith, ndikuwadula tizidutswa topyapyala n'kumaponya m'mbale momwe ndinafinyiramo ndimu kuti asade. Apongozi analowa mwakachetechete, chitenje chili m'chiuno, nakhala pa mpando wa pafupi ndi khomo. Anayang'ana mbaleyo kanthawi.

"Naphiri, wadwala ndani m'nyumba muno?"

Ndinati palibe, Amayi, ndikungofuna kuphika payi woti tidye ndi tiyi madzulo, popeza mwabwera.

"Kuphika? Maapozi n'kuwaphika?"

Sanakalipe ayi. Apongozi anga sakweza mawu. Anangogwira chibwano, n'kunena kuti kwawo ku Lizulu munthu akagula apozi ndiye kuti akupita kukazonda matenda. Amagula limodzi kapena awiri, kukulunga m'kapepala, kukapereka kwa wodwala amene pakamwa pake pakukana nsima. Ine ndinali nditadula kale anayi, ndipo ndinali pafupi kuwathira shuga.

Ndinayamba kuwafotokozera, mwina mochulutsa. Ndinati awa obiriwira ndi owawasa, ana sawakonda osaphika, koma akalowa mu uvuni amafewa osasanduka phala, ndipo kuwawasako kumagwirizana ndi shuga ndi sinamoni. Ndinati payi ameneyu ndi wosavuta, safuna ngakhale chitini. Fulawa makapu awiri, Stork magalamu 125, kamchere pang'ono, shuga supuni imodzi. Storkyo ayenera kukhala wozizira, wochokera m'firiji, ndipo umamufikisa mu fulawa ndi nsonga za zala mpaka zioneke ngati nyenyeswa za buledi. Kenako madzi ozizira, masupuni anayi kapena asanu basi, ongokwanira kuti mtanda ugwirane.

Apa m'pamene anadzuka. Anaona ndikungosonkhanitsa mtandawo osaukanda, manja awo sanapirire.

"Bweretsani kuno ndikukandireni, umenewo sunakandike."

Ndinawaletsa mwaulemu momwe ndikanathera. Mtanda wa payi sufuna kukandidwa monga wa mandasi kapena sikono. Ukaukanda kwambiri umalimba, ndipo kutentha kwa manja kumasungunula majarini, pomwe timabulu ta majarini tija n'timene timapangitsa kuti chikhale chofumbutuka ukaluma. Ndinaukulunga m'pulasitiki n'kuuika m'firiji kuti ukhalemo mphindi 30. Iwo anabwerera pa mpando wawo. Ndinaona ndithu kuti sizinawasangalatse kuti mpongozi awakanize ntchito ya m'khitchini, iwo amene aphika zigumu ndi zitumbuwa zogulitsa pamsewu wa M1 kuyambira mwana wawoyu asanayambe sukulu.

Mphindi 30 zodikira zija n'zimene zinabweretsa nkhani.

Anayamba ndi mtengo. Anafunsa kuti ndagula zingati, nditawauza anapukusa mutu, n'kuwerengera kuti ndalama imeneyo ndi ndiwo za masiku angati. Sindingawatsutse. Maapozi omwe timagula mumzinda muno ambiri amachokera ku South Africa, ku minda ya ku Ceres ndi Elgin ku Western Cape, komwe kumazizira mokwanira kuti mitengoyo iphuke bwino. Amayenda pa thiraki ulendo wonsewo, kudutsa Beitbridge, Zimbabwe, Tete, mpaka kulowa pa Mwanza. Likamafika m'manja mwanga apozi limodzi lanyamula mtengo wa dizilo ndi wa dola. Ndikudziwa zimenezo. Ndinadziwa ndili pamsika pomwe, komabe ndinagula chifukwa ndinkafuna kuwachitira chinthu chomwe sanadyepo.

Kenako anangoti, maso ali pa makoko omwe anali pa tebulo, "Bambo anu apozi ndi lomwe anamaliza kudya."

Ndinasiya zomwe ndinkachita. Apongozi aamuna anatisiya ndisanalowe m'banja lino, ndipo nkhani ya matenda awo sikambidwa. Mwamuna wanga sanandiuzepo zambiri. Lero ndi pomwe ndamva kuti sabata yawo yomaliza kuchipatala ankakana phala, ankakana thobwa, ankakana chilichonse, koma apozi ankalola. Apongozi ankatuluka pa geti m'mawa kukagula limodzi kwa amayi ogulitsa panja paja, kulisenda ndi kampeni, kulipala ndi supuni kuti lifewe, n'kumawapatsa pang'onopang'ono. Ndalama zoyendera anazithera pamenepo. Akuti kuchokera nthawi imeneyo sanaguleponso apozi, ndipo mdzukulu akawapatsa amalandira, kuthokoza, n'kupatsira wina.

Ndinasowa chonena. Ndinangoti pepani Amayi, sindinkadziwa. Anati, "Mukanadziwa bwanji? Pitirizani, mtanda wanu uja wazizira."

Ndiye ndinapitiriza, manja akunjenjemera pang'ono. Ndinawaza fulawa pa tebulo, kufutukula mtanda ndi botolo mpaka unakhala wozungulira, kuunyamulira pa thireyi. Maapozi ndinawasakaniza ndi shuga masupuni atatu, sinamoni theka la tiyisupuni, ndi fulawa supuni imodzi kuti madzi ake asayenderere. Ndinawaunjika pakati, kusiya malire a zala zitatu kuzungulira, n'kupinda m'mbali monse kuti mtanda ukumbatire zipatsozo, pakati pali poyera. Kupaka dzira m'mphepete, kuwaza shuga, mu uvuni pa madigiri 200. Apongozi ankayang'ana kupinda kuja mosaphethira. Anandiuza kuti mbali ina ndapinda mopyapyala idzang'ambika, ndipo anabwera n'kuikonza okha ndi chala chachikulu. Sindinawaletse.

Chomwe chikundivuta usiku uno n'chakuti sindikudziwa ngati ndawakondweretsa kapena ndawatsegula bala. Fungo litadzaza nyumba patatha mphindi 35, ana anathamangira kukhitchini akukuwa, koma iwo anatuluka kukakhala pakhonde. Pa tiyi ndinawadulira kagawo kakang'ono, ndikuopa. Anadya m'mphepete mwa mtanda muja, anati n'kokoma, n'kofumbutuka. Maapoziwo anawakankhira pambali ya mbale ndi supuni, kenako anadyako kachidutswa kamodzi, otsalawo anapatsa wamng'onoyu.

Ndipo bambo a anawa! Anadya magawo awiri, kunyambita zala, osaona chilichonse. Titalowa kuchipinda ndinawafunsa chifukwa chake sanandiuze za maapozi ndi bambo awo. Anakhala chete, kenako anati iwo anali ku sukulu yogonera komweko nthawi imeneyo, zimenezo sankazidziwa. Anatembenukira kukhoma. Ndiye kuti apongozi andiuza ine, mlendo m'banjamo, chinthu chomwe mwana wawo weniweni sanamuuzepo? Chifukwa chiyani ine, chifukwa chiyani lero? Mtima wina ukundiuza kuti kunali kundidzudzula mwaulemu, kuti ndikuseweretsa chinthu chomwe iwo anachigula ndi misozi. Mtima wina ukuti munthu sauza nkhani yotere amene sakumukhulupirira.

Tikutsuka mbale apongozi anandifunsa ngati mtanda womwewu ungatheke pa mbaula, popeza kwawo kulibe uvuni. Ndinati ungatheke, mumpoto wokhuthala, makala ochepa pansi, ambiri pa chivindikiro, monga amachitira ndi chigumu. Anati mapichesi akapsa ku Lizulu amangogwa pansi n'kuola, anthu amatopa nawo, ndiye mwina angayese ndi amenewo. Anafuna ndiwalembere miyezo pa pepala, ndi zilembo zikuluzikulu chifukwa maso akuwavuta. Firiji alibe, ndiye ndikuganiza kuti ndiwalembera kuti azikonza m'mawa kwambiri kukadali kozizira, Stork atamuika m'mbale ya madzi a mumtsuko. Pepalalo sindinalembebe. Basi yawo ndi ya m'mawa, ndipo sindikudziwa ngati ndiwakulungire gawo latsalali kapena ndingolisiyira ana.