Makanema akale aja pali amene amawasaka

Mukamaonera documentary kenako nkubwera kachidutswa kakale kopanda mitundu, mwina ka pa 6 July 1964 mbendera ya Malawi ikukwera ku Blantyre Prince Philip ali pompo, dziwani kuti kanemayo sanangogwa kumwamba ayi. Pali munthu anakhalira pansi kumusaka, ndipo dzina lake limadutsa kumapeto kwenikweni aliyense atadzuka kale pampando. Ineyo zimenezi zimandiwawa.

Kumbukirani kuti kuno TV inayamba mu 1999, ndiye makanema ambiri a nthawi ya Nyasaland anajambula ndi azungu ndipo ali kunja, kumabungwe a nkhani ngati British Pathé, Reuters, AP, BBC uko. Mu 2014 a Pathé anaika makanema okwana 85,000 pa YouTube, anthufe kusangalala, koma kuonera ndi kwina kugwiritsa ntchito mufilimu yako ndi kwinanso, pamafunika layisensi ndipo nthawi zambiri amatchaja pa sekondi, mtengo nkumasinthanso kutengera kuti uonetsa kuti komanso kwa zaka zingati. Wosaka uja ndi amene amalemba maimelo, kunenerera mtengo, kufufuza mwini wake weniweni kuti mawa musadzakokeredwe kukhoti.

Koma chomwe chimandigometsa ine ndi kusakako. Mukalemba Mangochi mukatalogi yakale mukhoza kubwerako chimanjamanja, muyenera kudziwa kuti nthawi imeneyo ankati Fort Johnston, Nsanje inali Port Herald, Thyolo ankalemba Cholo, Mulanje nkukhala Mlanje. Akapeza kachidutswako sakhulupirira msanga zomwe zalembedwa pachitini chosungiramo filimuyo, amaimitsa kanema nkuyang'ana nambala ya galimoto, yunifomu ya wapolisi, phiri lomwe likuoneka kumbuyo, chifukwa nthawi ya Federation, kuyambira 1953 mpaka 1963, maiko atatu ankawaika mthumba limodzi ndiye sizovuta kutenga msewu wa ku Salisbury (Harare wa lero) nkunena kuti ndi Limbe. Mwana wasukulu akaonera zimenezo amangoti ndi zoona basi, adziwa bwanji?

China ndi choti filimu imaola. Ija ya acetate ikakhala potentha ndi pachinyontho imayamba kununkha viniga, kukwinyika mpaka osaloŵanso mumakina, pomwe yakale kwambiri ya nitrate imagwira moto mosavuta. Matepi a U-matic ndi Betacam nawo makina ake akusowa tsiku ndi tsiku. Ndiye ndimadzifunsa kuti matepi a TVM (Television Malawi) a zaka zoyambirira zija, maukwati ndi misonkhano yomwe anthu anajambula pa VHS, ndani akuwasamutsira pa kompyuta?

Anzanga opanga mafilimu, chonde polemba bajeti muikemo munthu ameneyu kuyambira pachiyambi, osati kumukumbuka editing itatha mutadawuniloda kale zapa YouTube zokhala ndi chidindo cha eni ake pakati. Mumutume ku National Archives ku Zomba, mumupatse ya transport ndi nthawi yokwanira akafufuze bwinobwino.