Mbiri ya moyo wanga, gawo 9: Ganyu wa zaka 8

Ndinalonjeza kuti ndikamba za kalata ija yondilemba ntchito yokhazikika. Nayi nkhani yake.

Pamene lamulo la penshoni linkayamba kugwira ntchito mu 2011, n'kuti nditakolopa maofesi a kampani ina ku Ginnery Corner kwa zaka 8. Ndinkalawirira wapansi kuchokera ku Ndirande kuti ikamakwana 7 koloko pansi pakhale pouma, zinyalala zitatayidwa, makapu a tiyi ali mbee. 11 koloko ndaweruka. M'buku la malipiro ndinali "waganyu". Komatu ganyu amene ndikumudziwa ine ndi wolima mizere m'munda mwa munthu, madzulo walandira zako, wapita. Nanga ganyu wa zaka 8 ndiye wotani?

Anzathu olembedwa anayamba kudulidwa 5 peresenti ya malipiro, kampani n'kumaikapo 10 peresenti. Iwo ankadandaula kuti ndalama yachepa, ine ndinkasirira kudulidwako. Okolopa atatufe tchuthi sitinkachidziwa, ndipo ukadwala tsiku limenelo lapita. Mnzanga wina atachira anabwerera kuntchito patangotha milungu iwiri, khanda kumbuyo, kuopa kupeza chokolopera chake chili m'manja mwa wina. Chonsecho lamulo limapatsa mayi milungu 8.

Amene anatitsina khutu ndi mlonda wachikulire wa pageti. "Amayi, pitani ku leba," anatero. "Lamulo la ntchito la 2000 likuti ntchito ikakhala ya tsiku ndi tsiku pakampani, mwini wakeyo ndi wokhazikika, kaya amutcha dzina lanji."

Ku leba anatifunsa umboni. Apa ndiye ndinathokoza khalidwe langa losataya mapepala, lomwe ana anga amandiseka nalo mpaka lero. Maenvelopu onse a malipiro anali m'chitini pansi pa bedi, ena atadyedwa ndi mphemvu m'mbali, koma mwezi ndi chaka zikuwerengeka. Anaitanitsa abwana, n'kuwauza kuti zikakanika pamenepo nkhani ipita ku Industrial Relations Court, khoti loona milandu ya ntchito. Atamva za khoti, abwana anafewa ngati mkaka wa m'mawa.

Patapita milungu ingapo anatiitana muofesi. Kalata zitatu, aliyense yake, zili patebulo: penshoni, malipiro ukadwala, tchuthi cha masiku 18 pachaka poti tinkagwira mpaka Loweruka. Anzanga anali atagwira kale cholembera. Ine sukulu ndinalekezera Sitandade 7, koma manambala ndimawaona. Pamalo a tsiku loyamba ntchito analembapo mwezi womwewo, ngati tabwera dzulo. Mlonda uja anali atatiuza kuti akamakuchotsa ntchito, ndalama yotsanzikira amawerengera zaka zimene wagwira.

"Bwana," ndinatero, mawu akunjenjemera, "nanga zaka zanga 8 zili pati apa?"

Anavula magalasi n'kundiyang'ana, koyamba chiyambire kukolopa pansi pa tebulo lawo. Zimene anayankha ndikuuzani sabata yamawa.