Nganda, nsonga ya ku Nyika yomwe sidzionetsa

Kwa zaka zambiri ndakhala mu Mzuzu muno ndikuganiza kuti wofuna kukwera phiri lenileni ayenera kupita kummwera, ku Mulanje, kumene Sapitwa amatalika mamita 3,002. Sindinkalabadira zoti Nganda, nsonga yayitali kuposa zonse m'chigawo cha kumpoto, yomwe imapitirira mamita 2,600, ili pafupi nafe pamwamba pa Nyika. Ndinakafikako m'mwezi wa Juni, ndipo chimene sichikuchoka m'maganizo mwanga ndi momwe phirili limabisira kutalika kwake.

Kuchokera ku Mzuzu munthu amalowera ku Rumphi, kudutsa pa Njakwa pamene mtsinje wa South Rukuru wapanikizika pakati pa mapiri, kenako ku Bolero kwa a Chikulamayembe, mpaka pachipata cha Thazima. Kuyambira pamenepo msewu ndi wafumbi ndipo umakwera mosalekeza, mwina kukhudza malire a dziko la Zambia, mpaka mitengo ya miombo itatha n'kuyamba zitunda za udzu zokhazokha. Tinagona ku Chelinda, pafupi ndi mitengo ya paini yomwe inadzalidwa m'zaka za m'ma 1950, ndipo m'mawa tinapeza udzu utayera ndi chisanu. Ife a ku Mzuzu timati timakudziwa kuzizira, koma kuzizira kwa ku Chelinda kumalowa m'mafupa.

Nganda ali pa mtunda wa makilomita pafupifupi 30 kuchokera ku Chelinda, chakumpoto kwake. Galimoto yolimba imafika pafupi, kotero gawo loyenda pansi ndi lalifupi, ndipo palibe matanthwe okwawa ngati a ku Sapitwa. Titatsika m'galimoto ndinayang'ana uku ndi uku kufunafuna phiri, mpaka ndinafunsa bambo a gemu omwe ankatiperekeza kuti, "Adada, Nganda weniweniyo ali kuti?" Iwo analoza chitunda cha udzu chomwe sichinkasiyana kwenikweni ndi zinzake. Chifukwa chake n'chakuti Nyika yonse ndi yokwera kale, mbali yaikulu ili pamwamba pa mamita 2,000, ndiye nsongayo imangotukuka pang'ono pamwamba pa dziko lomwe lili kale m'mitambo. Kutalikako munthu amakumva m'chifuwa, pamene mpweya wayamba kuperewera pa chitunda chooneka chosavuta. Amakuonanso ndi maso akafika pamwamba, pakuti kummawa nthaka imatsetsereka kwambiri kulowera ku nyanja ya Malawi, ndipo kukakhala kopanda nkhungu mapiri a ku Tanzania amaoneka kutsidya.

Nyama tinaziona zambiri, mbidzi, ntchefu ndi chilembwe, zikudya poyera popanda chozibisa, koma maluwa otchuka a mtundu wa orchid, omwe ku Nyika alipo mitundu yoposa 200, amafuna munthu wopita nthawi ya dzinja.

Chimene chinandikhudza kwambiri ndi mbiri ya malowa. Munthu akaima pamwamba pa Nganda saona mudzi ngakhale umodzi pazitundazo, ndipo n'kosavuta kuganiza kuti kunalibe anthu chiyambire. Komatu kuphanga la Fingira kunapezeka zida zamiyala ndi zojambula za anthu akalekale, m'malo ena mudakali zotsalira za ng'anjo zomwe ankasungunuliramo chitsulo, ndipo nyanja yaing'ono ya Kaulime inali malo opatulika kwa anthu a m'derali. Nyika inakhala paki yoyamba ya dziko lino mu 1965, ndipo pamene malire ake ankakuzidwa mu 1978, mabanja ambiri, kuphatikizapo a mtundu wa Aphoka, anasamutsidwa m'midzi yawo. Ine ndimakhulupirira kuti kuteteza Nyika n'kofunika, popeza mitsinje monga North Rukuru, North Rumphi ndi Wovwe, womwe umatipatsa magetsi, imachokera kumeneko. Komabe sindiona kuti n'koyenera kuyamikira bata la pamwambapo osatchula anthu amene anasiya manda a makolo awo kuti batalo likhalepo.

N'chifukwa chake ndimati njira yabwino yodziwira Nganda si ya galimoto yomwe ine ndinadzera, koma ya masiku atatu yoyenda pansi kuchokera ku Chelinda mpaka ku Livingstonia. Njirayi imadutsa pafupi ndi nsongayo, kenako imatsika kuchoka mu udzu kulowa m'nkhalango, n'kutulukira m'minda ndi m'midzi ya m'mphepete mwa paki, mpaka ku Khondowe kumene Robert Laws anakhazikitsa mishoni mu 1894. Woyendayo amagona m'tenti, amayenda ndi a gemu monga mwa lamulo la paki, ndipo amatsiriza ulendo pakati pa anthu eniake a phirili, asanakaone mathithi a Manchewe ndi kutsika msewu wokhotakhota wa Gorodi kupita ku Chitimba.

Ulendo umenewu ndi womwe ndikukonzekera tsopano. Ndasankha mwezi wa Meyi, mvula itangoleka, utsi wa moto wa m'tchire usanaphimbe nyanja, ndipo ndayamba kale kuyenda pansi Loweruka lililonse kuchokera ku Katoto mpaka ku Ekwendeni kuti miyendo izolowere.